Kalata yotseguka kwa akuluakulu a Zomba: ana athu akudutsa pa mbiri yawo osaidziwa

Kwa inu akuluakulu oyendetsa mzinda ndi boma la Zomba, inu osamalira zipilala ndi zinthu zakale za dziko lino, inu a zokopa alendo, ndi inu a zamaphunziro,

Ndikupereka moni kwa nonsenu mwaulemu. Ine ndine mayi wa ku Matawale, mphunzitsi wa pulayimale amene ndinapuma ntchito nditagwira choko zaka zoposa 30. Ndalemba kalatayi poyera chifukwa nkhani yake ikukhudza maofesi angapo nthawi imodzi, komanso ndikufuna kuti makolo anzanga aimve ndi kuikapo mawu awo.

Mu Ogasiti, sukulu zitatsekera, kwathu kunabwera adzukulu atatu. Tsiku lina tikuchokera kumsika wa Thondwe, minibasi itatsala pang'ono kulowa m'tauni, wamng'ono pa onse, wa zaka 7, anandikoka chitenje n'kuloza nsanja ya njerwa ija ili pamtunda pafupi ndi Cobbe Barracks. "Agogo, tchalitchi icho bwanji chili ndi mutu wokha? Thupi lake lili kuti?" Anthu m'minibasi anaseka. Bambo wina anati ndi wotchi ya asilikali. Mayi wina anati ndi manda a mzungu. Kondakitala, mnyamata wobadwira konkuno amene amadutsa pamenepo kangapo pa tsiku, anati iye amangodziwa kuti pamatsika anthu. Sipanapezeke woti anene kuti chimenechi ndi chipilala chokumbukira asilikali a King's African Rifles amene anafa pa nkhondo ya 1914 mpaka 1918, ija makolo athu ankaitcha nkhondo ya Chiwaya.

M'mawa mwake ndinawatenga onse atatu kupita pomwepo. Anyamata awiriwo anayamba ndi kuwerenga masitepe, kukwera n'kutsika mpaka kugwirizana nambala. Wamkulu, mtsikana wa Sitandade 7, anaima pa mayina n'kuyamba kuwatchula mokweza akutsata ndi chala. Ndinawafotokozera za agogo anga aamuna, amene sanagwire mfuti koma anatengedwa pamudzi kukakhala mtengatenga. Anasenza katundu wa nkhondo pamutu kulowera kumpoto, n'kubwerako mapazi atang'ambika, ali ndi chifuwa chimene sichinawasiyenso mpaka imfa. Ndinawauza kuti dziko lino linapereka asilikali pafupifupi 19,000 ndi amtengatenga pafupifupi 200,000, pomwe anthu onse m'dziko muno anali ongopitirira pang'ono 1 miliyoni. Mtsikanayo anasiya kuwerenga. "Nanga anzawo a agogo anu amene anafera m'njira, mayina awo ali pati apa?" Ndinamuyankha kuti chipilalachi ndi cha asilikali. Anakhala chete kanthawi, kenako anati, "Ndiye osenza aja amakawakumbukira kuti?"

Nkhondo imeneyi ndinaiphunzitsa kambirimbiri m'kalasi. Ndinkalemba zaka pa bolodi, ana n'kukopera, n'kuloweza, n'kukhoza mayeso. Pa zaka zonsezo palibe mwana anandifunsapo funso ngati limeneli. Linatuluka tsiku lija chifukwa mwanayo anaima pamalopo, anagwira ndi chala chake, ndipo pambali pake panali munthu woti amuyankhe. Chimene ndikukupemphani m'kalatayi ndi chomwecho basi: kuti ana a Zomba, pamodzi ndi makolo awo, azikhala ndi tsiku, njira ndi munthu wowayendetsa pa malo a mbiri a mzinda uno, m'chilankhulo chawo, ndiponso mwa njira yoti iwo azigwira, azisenza, aziimba ndi kufunsa, osati kungoimikidwa pamzere n'kumamvera.

Mzinda uno unali likulu la dziko kuyambira 1891 mpaka 1975, zaka 84, ndipo Nyumba ya Malamulo inapitiriza kukumana kuno mpaka 1994. Palibe mzinda wina m'Malawi muno umene nyumba zakale za boma zaunjikana malo amodzi ngati mmene zilili m'tsinde mwa phiri lathuli. Mlendo wochokera kunja akafika, amapeza anyamata okonzeka kumukweza ku Chawe, kumuonetsa mathithi a Williams, kumufikitsa pa Queen's View ndi pa Emperor's View, n'kumufotokozera m'Chingerezi kuti apa panaima amayi a Mfumukazi Elizabeth mu 1957, apo panaima Haile Selassie wa ku Ethiopia mu 1965. Zimenezo ndi zabwino, ndipo anyamatawo akudyetsa mabanja awo ndi ntchitoyo. Koma mwana wa ku Chinamwali, wa ku Sadzi, wa ku Chikanda kapena wa ku Mpondabwino, amene makolo a makolo ake anaumba njerwa za nyumba zimenezi, amazidutsa tsiku ndi tsiku ngati akudutsa chulu. Tazisandutsa zinthu za alendo, eni ake n'kukhala oonera kumpanda.

Ndiloleni ndikuyendetseni pang'ono mmene ndikuuonera ulendowo. Loweruka m'mawa, mabanja asonkhane pa Botanical Gardens, m'mbali mwa Mulunguzi, pomwe pali mthunzi ndi malo oti ana athamange. Mundawu anauyamba Alexander Whyte mu 1891 kuti aziyeserapo mbewu ndi mitengo yobwera. Woperekeza asayambe ndi dzina limenelo ayi. Apatse mwana aliyense tsamba limodzi, amuuze kuti akapeze mtengo wake, ndipo akaupeza afunse mayi ake kapena agogo ake dzina lake ndi ntchito yake. Mudzaona kuti agogo amene anabwera mongoperekeza ndi amene ayambe kuphunzitsa: uwu timachiza nawo m'mimba, uwu sitisonkhera moto, uwu ndi wobwera, kwathu kunalibe. Kusiyanitsa mtengo wa makolo ndi mtengo wobwera ndi khomo labwino lolowera m'nkhani ya atsamunda kuposa tsiku lililonse lolembedwa pa bolodi.

Kuchoka apo ndi kaulendo kochepa kufika pa Masongola, nyumba ya nsanja zosongoka ija imene John Buchanan anamangira kazembe wa Britain, bambo Hawes, mu 1886, ndipo Harry Johnston anadzakhalamo atayamba kulamula dziko mu 1891. Apa ndi pamene ndikufuna mukhalitse. Mabuku amati Buchanan anamanga. Koma mwana akafunsidwa kuti kodi munthu mmodzi angaumbe njerwa zonsezi, amaseka yekha. Ndiye pakhale chikombole, dothi ndi chidebe cha madzi. Ana aponde dothi, aumbe njerwa imodzi aliyense, alembepo dzina lake ndi kamtengo. Atatopa ndi njerwa imodziyo, ayang'ane khoma, ayese kuwerenga njerwa za mzere umodzi, achulukitse ndi mizere yonse. Masamu alowa, mbiri yalowa, ndipo funso lakuti anaumba ndani, ankalipidwa chiyani, ankagona kuti, libwera lokha. Pakhalenso machila, nsungwi yolimba ndi chinsalu, monga ankanyamulira azungu paulendo. Muikemo thumba la mchenga, abambo anayi ayese kuyenda nalo kuchoka pamtengo uwu kufika pamtengo uwo ana akuimbira. Bambo akatula phewa likuwawa, woperekeza anene kuti anthu ankayenda chomwecho kuchokera ku Blantyre mpaka kuno, mtunda woposa makilomita 60. Mawu akuti thangata ndi msonkho wa nyumba akanenedwa pa nthawi imeneyo, mwana sadzawaiwala, chifukwa adzawakumbukira pamodzi ndi thukuta la bambo ake.

Pa Nyumba ya Malamulo yakale, chida chophunzitsira chili kale m'matumba mwa makolo. Woperekeza angoti, "Amene ali ndi K100 atulutse." Nkhope ili pamenepo ndi ya James Frederick Sangala, mwana wa konkuno, wobadwira ku Naisi kufupi ndi Domasi, mmodzi mwa amene anayambitsa Nyasaland African Congress mu 1944. Ana athu amagulira mandasi ndalama imeneyi osadziwa kuti munthuyo ndi wakwawo. Atulutsenso K200: Rose Chibambo, amene mu 1959 anatsekeredwa m'ndende ya Zomba ali ndi khanda m'manja, ndipo pambuyo pake analowa m'nyumba imeneyi ngati phungu. Atulutse K500: John Chilembwe, amene kumapeto kwa 1914 analembera nyuzipepala ya Nyasaland Times kudandaula kuti amphawi a dziko lino akutengedwa kukafera nkhondo yosakhala yawo, ndipo pa 23 Januwale 1915 anthu ake anaukira ku Magomero, kufupi ndi kuno. Mdzukulu wanga uja akanamva zimenezi ataima pa nsanja ija, akanadziwa kuti funso lake linafunsidwapo kale zaka zoposa 100 zapitazo.

Ndikupempha amene akusunga makiyi a nyumbayo kuti atsegulire ana ngakhale ola limodzi. Akhale pa mipando, asankhe sipikala wawo, agawikane mbali ziwiri. Auzidwe kuti bungwe lopanga malamulo linakhazikitsidwa mu 1907 koma munthu wakuda sanaloledwe kukhalamo mpaka 1949, ndiyeno theka la anawo liuzidwe kuti liime panja pa khomo, likumva anzawo akukambirana za msonkho umene iwo apanja ndiwo adzalipire. Mphindi zisanu zokha zikwana, muone mmene adzakwiyire. Kenako alowe monga analowera Henry Masauko Chipembere ndi Kanyama Chiume mu 1956, afunse mafunso awo. A sekondale angathe kupita patali, n'kuyerekeza mtsutso wa mu Seputembala 1964, pamene nduna zinasemphana ndi Dr Kamuzu Banda patangotha miyezi iwiri dziko litalandira ufulu. Ana a Fomu 3 amene ndimacheza nawo amati History ndi phunziro lotopetsa, ambiri amalithawa. Sindikhulupirira kuti angalithawe atakhala pa mpando umene nkhaniyo inachitikira.

Ku National Archives, nkhokwe ya makalata akale a dziko lino imene ili konkuno kuyambira 1947, sindikupempha kuti ana azigwira mapepala enieni. Mapepala amenewo ndi osalimba, ndipo tinataya kale ambiri pamene moto unapsereza maofesi a boma kuno mu 1919. Koma makope a zithunzi zakale za msika, za misewu, za asilikali pa perete, angathe kuikidwa m'pulasitiki n'kupatsidwa kwa ana kuti akafunefune pamene wojambulayo anaima. Mwana akapeza malowo, n'kuona kuti phiri ndi lomwelo koma mitengo inali yambiri kuposa lero, waphunzira zinthu ziwiri pa ulendo umodzi.

Nsanja ya asilikali ikhale ndi tsiku lakelake, chifukwa ili patali ndi malo enawa ndipo miyendo ya ana ili ndi malire. Tsiku limenelo kubwere gulu la beni. Gule ameneyu anabadwa potsanzira perete ndi bandi ya asilikali, ndipo anthu a kuno ndi a ku Machinga amamuvina mpaka lero. Ana aphunzire kuguba, aone mayunifomu ndi maudindo a m'gulemo, kenako afunsidwe kuti zimenezi anthu anazitengera kuti. Asilikali opuma, makamaka okalamba amene akadali ndi mphamvu zolankhula, aitanidwe mwaulemu, apatsidwe mpando ndi kangachepe, afotokoze zimene anamva kwa akuluakulu awo za ku Ethiopia, ku Madagascar ndi ku Burma pa nkhondo yachiwiri. Akuluakulu ndi m'dambo mozimira moto, koma dambo limeneli likuuma chaka ndi chaka, ndipo amene wapita wapita ndi nkhani zake.

Pali chinthu chimodzi chimene ndikuchiopa, ndipo ndichinene mosabisa. Ulendo woterewu ukakonzedwa mwaulesi, udzasanduka wotamanda atsamunda: apa panagona gavanala wakuti, apa ankasewera mpira azungu, apa anamwera tiyi mfumukazi. Mwana adzabwerako akuganiza kuti Zomba inayamba tsiku limene mzungu anafika. Si zoona. David Livingstone atafika ku nyanja ya Chilwa mu Epulo 1859 anapeza midzi, minda, anthu osula zitsulo ndi oomba nsalu za thonje. Amang'anja analipo, Ayao anafika, Alomwe anadzabwera ambiri kuchokera ku Mozambique, ndipo mtundu uliwonse uli ndi nkhani ya mmene unakhalira pano. Pa chilumba cha Chisi anthu ankathawirapo nkhondo. Ku phiri la Chikala mfumu Kawinga inalimbana ndi asilikali a Johnston mpaka kugonja mu 1895, ndipo nkhani imeneyo ili ndi mbali ziwiri zowawa, ya kulandidwa dziko ndi ya malonda a akapolo, zonse zoyenera kunenedwa. Ku Domasi kuli mishoni imene inayamba mu 1884. Zimenezi sizingakonzedwe muofesi mokha. Pitani kwa mafumu athu, a Mlumbe, a Malemia, a Chikowi, a Kuntumanji, a Mwambo, a Mkumbira, mukapemphe kuti akulozereni okalamba odziwa mbiri ya madera awo, ndiponso akuuzeni malo amene ana angafike ndi amene safikidwa mwachisawawa. Malo ena ali ndi miyambo yake, ndipo mwana aphunzire kuti pali pena pamene timavula nsapato ndi kutsitsa mawu.

Ndi mmenenso ndikuonera za dzenje la Chingwe pamwamba pa phiri. Nkhani zimene zimakambidwa pamenepo, zakuti ankaponyamo odwala khate kapena adani a mafumu, anyamata ena amazikometsera kuti mlendo achite mantha. Kwa ana athu zinenedwe monga zilili, kuti ndi nkhani zimene makolo anasiya pakamwa, ndipo zitsegule kukambirana: chifukwa chiyani anthu ankaopa khate chomwecho, ndipo lero, pomwe matendawa ali ndi mankhwala, tikuwasala ndani m'midzi mwathu? Koma musanatengereko mwana ndi mmodzi yemwe, onetsetsani kuti pali chotchinga cholimba. Ine monga mphunzitsi sindingaimike ana 30 m'mphepete mwa dzenje ndikudalira kukuwa kokha.

Nanga zowawa za dzulodzuloli? Ndende yaikulu ya Zomba, yomangidwa mu 1935, ndi kumene anafera Orton Chirwa mu Okutobala 1992. Ku ndende ya Mikuyu anasungako mlakatuli Jack Mapanje kuyambira 1987 mpaka 1991 popanda kumuzenga mlandu. Mu Meyi 1983 a Dick Matenje, a Aaron Gadama, a Twaibu Sangala ndi a David Chiwanga anagwidwa kuno ku Zomba n'kukaphedwa ku Thambani m'boma la Mwanza. Ena adzati ana asamve zimenezi. Ine ndinali kale pa ntchito zina mwa izi zikuchitika, ndipo ndikukumbuka mmene tinkatsitsira mawu m'chipinda cha aphunzitsi. Kukhala chete kumeneko sindikufuna kusiyira adzukulu anga. Sindikunena kuti mwana wa zaka 6 auzidwe mmene anthu anaphedwera, kapena kuti ana azilowetsedwa m'ndende. Wamng'ono angauzidwe kuti kale munthu ankamangidwa chifukwa cholemba ndakatulo, ndipo funso lake lakuti "chifukwa chiyani?" liyankhidwe moona. Wamkulu angauzidwe zambiri. Chofunika ndi chakuti woperekeza akhale wophunzitsidwa kuyeza msinkhu wa omvera ake, ndiponso asakhale wonyamula mbendera ya chipani chilichonse. Ulendowu ukangolowa ndale za lero, makolo adzasiya kubweretsa ana.

Anthu oti agwire ntchitoyi tili nawo kale. Anyamata ndi atsikana operekeza alendo kuphiri amadziwa njira, amadziwa kuyenda ndi gulu. Chimene akusowa ndi mbiri yotsimikizika ndi luso lolankhula ndi ana, zinthu zimene zingaphunzitsidwe pa masabata ochepa. Yunivesite ili pakhomo pathu kuyambira 1973, ili ndi aphunzitsi a mbiri ndi ophunzira a zisudzo, ndipo mwambo wotengera zisudzo kwa anthu unakhazikika kumeneko kalekale. Wophunzira wa zisudzo atavala ngati mtengatenga wa makalata, wa mtundu uja amakumbukiridwa pa kanyumba ka ku Namaka pa msewu wa ku Blantyre, n'kutulukira ali wefuwefu ndi thumba lake, angagwire mitima ya ana kuposa chikwangwani chilichonse. Aphunzitsi opuma tilipo ambiri, tikungokhala m'makomo. Koma ndikupempha kuti achinyamatawo azilipidwa. Ntchito yongodzipereka imayamba ndi moto n'kuzima mvula yoyamba ikagwa, ndipo mnyamata wanjala adzasiya ana athu pamsewu akaona galimoto ya alendo olipira madola.

Chilankhulo chikhale Chichewa, ndipo pakhale operekeza ena olankhula Chiyao ndi Chilomwe, kuti agogo ochokera ku Jali kapena ku Songani asachite manyazi kufunsa kapena kutsutsa. Ndanena kutsutsa mwadala. Nthawi zina wokalamba adzati, "Ayi mwanawe, sizinali choncho," ndipo woperekeza wabwino adzamupatsa mpata, chifukwa pamenepo ndi pamene ana amaona kuti mbiri ili ndi eni ake. Mtengo wake ukhale woti mayi wogulitsa tomato angakwanitse: ana alowe ulere, wamkulu apereke kochepa, ndipo ndalamazo zilembedwe poyera kuti aliyense aone kuti zalipira woperekeza ndi kukonza malo. Zimbudzi ndi madzi akumwa musazione ngati zazing'ono. Mayi amene wavutika ndi mwana wofuna kudzithandiza pamalo opanda chimbudzi sadzabweranso, ndipo adzauza anzake. Muganizirenso mwana woyenda pa njinga ya olumala ndi mwana wosamva. Njira ya m'tauni ingathe kusankhidwa mowaganizira, ndipo womasulira m'chinenero chamanja angabwere ngakhale kamodzi pa miyezi itatu.

Ndikudziwa kuti ena mwa inu mukuwerenga mukupukusa mutu. M'zipatala mankhwala akuperewera, misewu ndi milatho imene namondwe Freddy anawononga mu 2023 inadya ndalama zambiri, ana ena akuphunzirira pansi pa mtengo, ndiye mayi uyu akuti tiwononge ndalama pa zoyendayenda? Funso limenelo ndi loona ndipo sindilipeputsa. Koma taonani zimene ndatchula: chikombole, dothi, nsungwi, chinsalu, makope a zithunzi, ng'oma, ndalama za m'thumba mwa kholo, ndi malipiro a achinyamata ochepa. Sindinapemphe nyumba yatsopano kapena basi. Zodula kwambiri, nyumba zenizenizo, zilipo kale, ndipo zikuwonongeka tikuona: chiswe chikudya mitengo ya denga, malata akudontha, makoma akung'aluka. Lamulo loteteza zipilala ndi zinthu zakale lilipo, koma lamulo silingaime pakhomo usiku. Nyumba imene anthu oyandikana nayo saidziwa ntchito yake amaizula mafelemu ndi kuigumula njerwa popanda wodandaula. Mwana amene anaumba njerwa yake pa Masongola ali ndi zaka 9 sadzalola zimenezo akadzakula, ndipo mwina ndi iyeyo amene adzakhale pa mipando mwakhalapoyo. M'mera mpoyamba.

Anzathu kwina anayamba kale. Ku Mua, pa Kungoni, mwana amaona zigoba za gule ndi kumva tanthauzo lake. Ku Karonga amaima pansi pa mafupa a Malawisaurus n'kuyasama. Ku Dedza kuli zojambula za pamiyala za Chongoni, malo 127 amene UNESCO inawaika pa mndandanda wa chuma cha dziko lonse mu 2006. Koma ndi makolo angati a ku Chikanda angalipire ulendo wa ku Karonga? Zathu zili poti n'kufika wapansi kapena pa kabaza.

Chotchinga chachikulu chimene ndakumana nacho si ndalama, ndi geti. Sabata yomwe ija ndinapita ndi adzukulu pa nyumba ina yakale imene sindiitchula. Mlonda anatilandira mwaulemu, koma anati, "Amayi, ine ndinangouzidwa kuti pasalowe munthu wopanda kalata." Nditafunsa kuti kalatayo imatengedwa kuti, anati mwina ndikafunse m'tauni. Ana anasuzumira pa mpanda, wamng'ono uja atakwera pamsana pa mkulu wake, mpaka tinabwerera. Mlondayo sindimuimba mlandu, anachita zimene anauzidwa. Ndikumvetsanso kuti malo ena, monga nyumba ya boma ndi kumalo a asilikali, ali ndi malamulo a chitetezo amene tonse tiyenera kuwalemekeza. Koma kholo lidziwe pasadakhale: apa mungalowe Loweruka loyamba la mwezi, apa mungaone muli panja, apa funsani kwa wakuti. Pepala limodzi lomatidwa pa khonsolo, pamsika ndi m'masukulu, lolengezedwanso pa wailesi ndi m'matchalitchi ndi m'mizikiti, lingathetse vuto limeneli. Chimene chikufunika ndi chakuti inu amene muli ndi makiyi osiyanasiyana mukhale pansi tsiku limodzi, chifukwa mutu umodzi susenza denga, n'kusankha munthu mmodzi amene ife makolo tingamamufunse.

Pempho langa lenileni ndi ili. Lamulungu lachiwiri la Novembala akuluakulu amabwera pa nsanja ija kudzaika nkhata za maluwa, ana athu ataima patali kuseri kwa chingwe. Loweruka la sabata yapambuyo pake, maluwa asanafote, tiyeseni kamodzi: mabanja 20 ochokera m'sukulu ziwiri za mumzinda ndi imodzi ya kumudzi, operekeza anayi, gulu limodzi la beni, msilikali wopuma mmodzi. Mukatumize munthu wanu adzaime kumbuyo ndi kope, alembe mafunso amene ana adzafunse ndi pamene adzayambe kutopa. Zimene adzalembezo ndi zimene zikuuzeni ngati ulendo wa ku Masongola ndi ku Nyumba ya Malamulo uyenera kutsatira mu Disembala kapena udikire mvula ithe.

Mukaitana msonkhano wokonzekera, ine ndibwera, ndipo aphunzitsi anzanga opuma atatu andilonjeza kale kuti tidzabwera limodzi. Chikombole ndabwereka kwa oumba njerwa a kwathu kuno. Mdzukulu wanga uja anabwerera kwa makolo ake, koma anandisiyira tsamba la m'kope lake pamene analembapo mafunso 11 oti ndikafunse "eni ake a nsanja". Loyamba ndi lija la amtengatenga. Tsambalo ndalisunga m'Baibulo, ndipo ndidzabwera nalo ku msonkhanowo.

Ine wanu,
Mphunzitsi wopuma ntchito,
Matawale, Zomba